Power supply ya 24V ikungofa, PLC nayo ikungodzizimitsa: tigule yaikulu?

aMbewe
Akuluakulu, ndithandizeni nzeru. Pali panelo yoyendetsa mapampu a madzi, ili m'kanyumba kofolera malata ku Chigwa cha Shire. M'kati muli power supply imodzi ya pa DIN rail, yosandutsa magetsi a AC kukhala 24V DC, ya 10A, yotenga magetsi pa phase imodzi ndi neutral. Mavuto ndi atatu. Magetsi akazima jenereta n'kuyaka, PLC, kompyuta yaing'ono yolamulira mapampuwo, imayambiranso pachiyambi. Masiku ena masana PLC imazima yokha magetsi alipo bwinobwino. Komanso power supply imeneyi ndi yachitatu m'miyezi 14. Eni malo akuti tigule ya 20A tithane nazo. Ndigule?

Nabanda
Musagule kaye, aMbewe. Mavuto atatuwa si a bere limodzi, ndipo ndikukayika ngati ya 20A ingachize ngakhale limodzi. Tipatseni mndandanda wa zonse zomwe zikudya pa 24V, chilichonse ndi ma amp ake.

aMbewe
PLC ndi ma module ake 1.2A, HMI (sikirini yoyendetsera makina) 0.6A, modemu 0.5A, flow meter 0.5A, ma transmitter 8 a 4-20mA onse pamodzi 0.2A, ma relay 12 onse pamodzi 0.25A, ma solenoid valve 4 a 18W iliyonse. Ma valve ali panja, waya wa 1.5mm² wotalika mamita 40. Nthambi iliyonse ili ndi breaker ya C6.

Nabanda
18W pa 24V ndi 0.75A, ndiye ma valve anayiwo ndi 3A. Zonse pamodzi ndi 6.25A, zitayaka nthawi imodzi. Tikawonjezera 30 pa 100 alionse tikufika 8A ndi pang'ono. Pa pepala ya 10A ndi yokwanira. Ndiye kukula si vuto. Tiyeni tizisiyanitse.

aJere
Ine nditenga loyambalo, ndi losavuta. Tsegulani datasheet mupeze mzere wa hold-up time. Zambiri zimalemba ma millisecond 20 kapena kuposerapo pang'ono pa load yonse. Imeneyo ndi nthawi imene capacitor yaikulu ya m'kati imagwirizira 24V magetsi atachoka. Jenereta kuti ilire, ikhazikike, ATS (switch yosintha yokha pakati pa magetsi a ESCOM ndi a jenereta) isinthe, pamapita masekondi 10 kapena 15, pena kuposa. Ya 20A ingakupatseni ma millisecond 60 pa load yanuyo, koma dzenje ndi la masekondi. PLC zambiri zimapirira ma millisecond 10 okha, ndipo voltage imene zimafuna ndi pakati pa 20.4V ndi 28.8V. Apa pakufunika chosungira mphamvu, basi.

aChisale
Ndiye bwanji osangoika UPS ya kompyuta ya 650VA kutsogolo kwa power supply? Zimapezeka m'mashopu onse ndipo n'zotchipa.

aJere
Ikhoza kugwira miyezi ingapo, koma achimwene, ija inapangidwira mu ofesi. Batire lake lili m'kabokosi ka pulasitiki kosapita mphepo. Ikaona ma hertz a jenereta akuyendayenda imakana magetsiwo n'kukhalabe pa batire mpaka litatheratu. Ndipo ikafa imafa mwakachetechete, ilibe contact youza PLC. Mumadzadziwa tsiku lomwe mukuifuna. Palinso kuzungulira kopanda pake: batire la DC, kusandutsa AC, kenako kubwezeranso DC.

Chofunika ndi DC-UPS ya 24V, yokhala pakati pa power supply ndi load. Musaikepo zonse. Ikani PLC, HMI, modemu, flow meter ndi ma transmitter, zomwe ndi 3A. Ma valve asiyeni kunja, chifukwa mapampu akaima iwonso alibe ntchito.

Nabanda
Ndionjezere pa nkhani ya batire, chifukwa kumunsi kumeneko mwezi wa Okutobala ndi Novembala kunja kumapitirira madigiri 40. Mabatire otseka aja a 12V 7Ah, zaka zomwe amalemba pa datasheet amawerengera pa madigiri 20 kapena 25. Kutentha kukakwera ndi madigiri 10, moyo wake umadulidwa pakati. Batire la zaka 5 pa madigiri 45 ndi la chaka chimodzi ndi miyezi ingapo. Ngati mukufuna kungowoloka nthawi ya jenereta, onani DC-UPS ya ma supercapacitor. Masamu ake: 24V kuchulukitsa 3A ndi 72W, kwa masekondi 30 ndi 2,160 joule. Alipo ma module a 5kJ ngakhale 12kJ, amagwira mpaka madigiri 60 ndipo safuna kusintha batire. Tengani wa 5kJ kupita m'mwamba, poti jenereta nthawi zina imakana ulendo woyamba n'kudzalira wachiwiri.

Koma ngati modemu iyenera kutumiza uthenga kwa ola lathunthu jenereta itakana, ndiye batire basi. Awiri a 12V olumikiza motsatizana, fuzi pafupi ndi batirelo, ndipo akhale pansi penipeni pa panelo kapena m'bokosi lawo lopita mphepo. Musaiwale kuti potchaja amakoka 1A kapena 2A pa power supply yomwe ija.

aGondwe
Musasokoneze buffer module ndi DC-UPS pogula. Buffer module wamba ali ndi ma capacitor a electrolytic, amagwira kagawo ka sekondi pa load yake yonse. Ndi wabwino pamene magetsi akungophethira, osati podikira jenereta.

Tsopano vuto lachiwiri. aMbewe, muli ndi multimeter yokhala ndi batani la MIN/MAX? Ikolekeni pa ma terminal a 24V a PLC yeniyeniyo, osati pa power supply, muisiye kuyambira m'mawa. Onaninso mu diagnostic buffer ya PLC, momwe imasunga mbiri ya zochitika, nthawi imene inazima, muyerekeze ndi chimene chinayatsidwa pa nthawiyo. Thermometer muike pansi pa power supply, pamene mpweya umalowera, chitseko chitatsekedwa.

aMbewe
Ndapima masiku awiri. Voltage ya nthawi zonse ndi 27.6V, zikuoneka kuti wina anapotokola kaskuruu kotcherera voltage pa power supply. MIN inagwira 11V cha m'ma 2 koloko masana. PLC inazima pamene valve yachitatu inali itayaka kwa mphindi pafupifupi 40. Kutentha m'panelo madigiri 58.

aGondwe
Basi, mbava yaoneka. Pimani ma ohm a ma coil a ma valve onse anayi, m'mawa ali ozizira, kenako nthawi yomweyo PLC ikazima. Coil ya 18W iyenera kukhala pafupi ndi ma ohm 32.

aMbewe
M'mawa: 32, 31, 30, 32. Itangozima masana, yachitatu inaonetsa 0.6. Patapita theka la ola inabwerera pa 30. Pulasitiki yake yasanduka yabulauni mbali imodzi ndipo ili ndi kamng'alu ngati katsitsi.

aGondwe
Vanishi wa waya wa m'kati wapsa. Ikazizira waya amatalikirana, ikatentha amakhudzana. Ndipo amene anakweza voltage uja ndiye anaiphika. Kutentha kwa coil kumakwera ndi voltage kuchulukitsa voltage: 27.6 kugawa ndi 24 ndi 1.15, kuchulukitsa yokha ndi 1.32. Ma coil onse anayi akhala akutentha ndi 32 pa 100 kuposa mlingo wake, ali padzuwa. Ma coil ambiri amalola 10 pa 100 yokha, kutanthauza 26.4V. Sinthani onse anayi, osati imodzi. Funsani olembedwa 100% ED, kutanthauza otha kuyaka osalekeza, ndi class H, yomwe imapirira madigiri 180, pamene class F ndi 155. Muikireninso kamthunzi ka lata.

Mwina anakweza poopa kuti voltage itsika m'waya wautali. Tiyeni tione: kopa ndi 0.0175 ohm pa mita pa mm² imodzi. Kupita ndi kubwerera ndi mamita 80, ndiye 0.0175 kuchulukitsa 80 kugawa ndi 1.5 ndi 0.93 ohm. Pa 0.75A mukutaya 0.7V yokha. Panalibe chifukwa. Bwezerani pa 24.5V.

aChisale
Koma chomwe sindikumvetsa, breaker ya C6 ija bwanji sinagwe? Si ntchito yake imeneyo?

Nabanda
Funso limeneli ndiye mtima wa nkhani yonse. Breaker ya C imagwa nthawi yomweyo ikaona ma amp ochuluka ka 5 mpaka ka 10 kuposa mlingo wake. C6 ikufuna 30A mpaka 60A, ndipo ziwerengerozo ndi za AC. Pa DC imafuna zoposa pamenepo, pafupifupi ka 1.4. Pa magetsi a m'nyumba short imabweretsa ma amp mazanamazana, breaker imagwa osazengereza. Koma power supply ya 10A ikafika pa 11A mpaka 15A imadziteteza yokha: imadula, kudikira pang'ono, kuyesanso, kudulanso. Ndi chimene amati hiccup. Breaker imatsala ndi mbali yake ya kutentha, yomwe imafuna masekondi angapo, pamene PLC yafa kale pa ma millisecond 10.

Tsono onani chifukwa chake ya 20A sikanathandiza mokwanira. Short ili kumapeto kwa waya wa 0.93 ohm, kuphatikiza 0.6 ya coil ndi 1.5 ohm. 24V kugawa ndi 1.5 ndi 16A basi. Ngakhale mutaika power supply ya 40A, waya yekhayo sangalole 30A kudutsa. C6 singagwe msanga, waya ndi relay zizingotentha.

Mankhwala ake ndi electronic circuit breaker ya 24V, ya ma channel 4 kapena 8. Siemens ali nazo pa SITOP, Phoenix Contact ndi Weidmüller ali nazonso. Channel iliyonse mumaitchera ma amp ake, ndipo yabwino imachepetsa ma amp a nthambi yodwalayo isanaidule, 24V ya ena osagwa. Pogula onetsetsani kuti ili ndi current limiting, chifukwa zina zimangodula mochedwerapo. Ma valve muwatchere pa 2A iliyonse, kapena awiriawiri pa 3A.

aJere
Ndalama zikavuta pali njira ina yachidule: ma power supply awiri osiyana. Ina ya 5A ya PLC ndi zipangizo zopimira, ina ya 5A ya ma valve ndi zonse zotuluka panja. Short ya panja igwetse ya panja yokha. Kenako valve iliyonse ikhale ndi terminal ya fuzi ya 5x20mm, 1.6A kapena 2A yofulumira, yokhala ndi kanyale. Fuzi yaing'ono yotere imapsa ndi ma amp amene power supply ingakwanitse kupereka.

Ndipo pa coil iliyonse ya DC pakhale diode, 1N4007 ikukwana, mzere wake uloze ku positive. Mapulagi a ma valve okhala ndi diode ndi kanyale m'kati alipo. Popanda diode, coil ikamazima imaponya ma volt mazana amene amadya ma contact a relay.

Nabanda
Chenjezo pang'ono: mukafuna kupima waya wa panjayo ndi megger, mita yopima insulation ndi voltage yaikulu, muchotseni kaye mbali zonse ziwiri. 500V ikalowa mu output module ya PLC mwagula ina.

aGondwe
Tatsala ndi lachitatu. Ma power supply awiri akufa aja alipo? Atsekuleni. Koma samalani, capacitor yaikulu imasunga 325V, ndipo pa zokhala ndi PFC (gawo lokonza kakokedwe ka magetsi) imafika pafupi ndi 400V. Pimani kaye ndi mita musanagwire.

aMbewe
Alipo. Yoyamba: fuzi ya m'kati yaduka, ndipo kachimbale kabuluu kali pafupi ndi polowera magetsi kang'ambika, board yada mwaye mozungulira. Yachiwiri: fuzi ili bwino, koma ma capacitor atatu a kotulukira atupa pamwamba, imodzi yatulutsa zouma zabulauni. Munalinso nalimata wouma.

aGondwe
Imfa ziwiri zosiyana. Yachiwiriyo yafa ndi kutentha. Capacitor ya electrolytic imalembedwa, mwachitsanzo, maola 5,000 pa madigiri 105, ndipo kutsika kulikonse kwa madigiri 10 kumawirikiza moyo wake. Pa 65 ndi maola 80,000, zaka 9. Pa 85 ndi maola 20,000, zaka ziwiri ndi pang'ono. Zotchipa zimakhala ndi za maola 2,000, ndiye pa 85 ndi maola 8,000, osakwana chaka. Mpweya wolowa ukakhala 58, m'kati mwa power supply 80 kapena 85 si zachilendo.

Pogula ina onani zinthu ziwiri. Choyamba ndi derating curve, yosonyeza mmene mphamvu imatsikira kukatentha: zina zimapereka mphamvu yonse mpaka madigiri 60, zina zimayamba kutsika pa 50, kawirikawiri 2.5 pa 100 pa digiri iliyonse. Yoyambira pa 50, m'panelo yanu ya 58, ndi ya 8A, osati 10A. Chachiwiri ndi efficiency. Pa 240W, ya 88 pa 100 imataya 33W ngati kutentha, ya 95 pa 100 imataya 13W. Kusiyana kwa 20W kumeneko m'bokosi lotseka n'kwakukulu.

Kaikidwe: ikhale chilili, mabowo a mpweya pansi ndi pamwamba. Siyani 40mm pamwamba, 20mm pansi, 5mm m'mbali, kapena 15mm ngati choyandikana nacho chimatenthanso. Isakhale pamwamba pa VSD (chosinthira liwiro la mota) kapena transformer. Trunking isatseke mabowo. Panelo ikhale ndi fani ya fyuluta pansi ndi potulukira pamwamba, ndipo denga la malatalo liikidwe siling'i. Za nalimata ndi nyerere, tsekani ma gland onse opanda waya. Ngati m'chipindamo mumasungidwa chlorine, mutulutseni, ndipo mugule power supply ya board yopakidwa conformal coating, vanishi woiteteza.

aJere
Yoyambayo ndi imene ikundidetsa nkhawa. Kachimbale kabuluuko ndi varistor, yoteteza ku voltage yokwera mwadzidzidzi. Mphezi imatha kukaswa, koma mwaye wochuluka chonchowo nthawi zambiri umasonyeza voltage yokwera imene inakhalitsa. Pa malo a ma phase atatu okhala ndi jenereta, woyamba kumuganizira ndi neutral. Neutral ikamasuka, ma load a phase imodzi amagawana 400V mosalingana, ndipo wopepuka ngati power supply amatha kulandira 300V kapena kuposa, pamene malire ake ndi 264V.

Zimitsani, mutseke ndi loko, muyendere lug ya neutral pa ATS, pa jenereta ndi pa DB (bokosi logawira magetsi). Funani yakuda kapena yosungunula pulasitiki. Kenako mapampu akuyenda, pimani phase iliyonse ndi neutral, pa magetsi a ESCOM komanso pa jenereta. Zitatuzo zikhale pafupi ndi 230V. Ina ikakhala 200 ina 255, neutral ikudwala. Ngati ATS ndi ya ma pole anayi, onani kuti contact ya neutral imatseka moyambirira n'kutseguka pomaliza. Ikachedwa ngakhale pang'ono, kusintha kulikonse kumamenya power supply.

aChisale
Surge arrester singateteze zimenezi?

aJere
Ayi. Type 2 ya 275V ndi ya mphezi ndi kugunda kwa ma microsecond. Ikapatsidwa 350V kwa mphindi imapsa nayonso. Iikidwe ndithu, waya wake wonse osapitirira theka la mita ndi earth yabwino, koma ya neutral imafuna voltage monitoring relay yodula contactor voltage ikapitirira 253V. Njira yoposa zonse ndi kusagwiritsa ntchito neutral n'komwe. Gulani power supply yotenga pa ma phase awiri, monga Mean Well WDR yomwe imalandira 180V mpaka 550V, kapena ya ma phase atatu. Neutral ikasokonekera iyo sidziwa n'komwe.

Nabanda
Ndikuvomereza za ma phase. Breaker yake ikhale ya ma pole awiri pamenepo. Ndipo pa breaker yolowera musaike yaing'ono poona kuti power supply imakoka 1A yokha. Poyaka imakoka 30A mpaka 60A kwa kanthawi kochepa kwambiri podzaza capacitor. B6 imagwa pa 18A mpaka 30A. Tsatirani zomwe datasheet yanena, kawirikawiri C6 kapena C10. Zotchipa zimachepetsa kukoka kumeneku ndi NTC, resistor ya ma ohm otsika ikatentha, yomwe imagwira ikakhala yozizira. Magetsi akaphethira n'kubwerera NTC idakali yotentha, kukokako kumakula. N'chifukwa chake breaker imagwa magetsi akabwerera, osati m'mawa poyatsa.

aMbewe
Eni malo afunsanso za kuika ma power supply awiri kuti ina ikafa inzake ipitirize. Ndingozilumikiza pamodzi?

Nabanda
Osangomanga ma positive pamodzi. Ina ikachita short kotulukira imakokera inzakeyo pansi. Pakati pakhale redundancy module, yoletsa magetsi kubwerera mu imene yafayo. Ya ma diode imadya pafupifupi 0.7V, ndiye pa 10A ndi 7W ya kutentha kwina. Ya MOSFET imadya osakwana 0.1V, m'panelo yotentha ndi imeneyo. Iliyonse mwa ziwirizo ikwanitse load yonse payokha pa kutentha kwa m'panelomo. Iliyonse ikhale ndi breaker yake, ndipo zitenge pa ma phase osiyana. Voltage muzitchere mofanana popanda load, waya wopita ku module akhale wofanana kutalika.

Chachikulu ndi contact ya DC OK, yosonyeza kuti power supply ikutulutsa 24V bwino. Ya iliyonse ipite ku input yake ya PLC, ndipo uthenga utuluke pa modemu. Popanda zimenezo yoyamba imafa osadziwika, mumayenda miyezi ndi imodzi, tsiku lomwe yachiwiri yafa ndiye mumapeza mitembo iwiri.

aGondwe
Ine pamalo ano sindingayambire pamenepo. Ziwiri zophikidwa m'bokosi limodzi la madigiri 58, pa neutral yomweyo, zimakalamba limodzi. Ndalamazo ziyambe zapita ku mpweya, DC-UPS ndi electronic breaker. Yachiwiri ikhale pa shelefu ngati sipeya, kusintha kwake ndi mphindi 10. Redundancy ndi ya pamene mphindi 10 zimenezo sizingaloledwe, monga makina opangira oxygen kuchipatala.

Nabanda
Zoona ngati pali munthu pamalopo. Ngati wokonza ali makilomita 80 ndipo msewu ndi wa nthawi ya mvula, mphindi 10 zanuzo ndi masiku awiri. aMbewe ndi amene akudziwa mtunda.

aChisale
Nanga 0V, imangidwe ku earth kapena ayi? Ena amati ikayandama ndiye makina saima.

aJere
Saima pa fault yoyamba, inde, koma simuidziwanso. Yachiwiri ikabwera pa waya wina, ziwirizo zimatha kulambalala switch n'kuyatsa pampu popanda woilamula. IEC 60204-1 imapereka njira zake: kumanga mbali imodzi ku earth, kapena kuyandamitsa koma ndi chipangizo chopima insulation nthawi zonse. Pa panelo ngati iyi mangani 0V ku earth malo amodzi okha, pafupi ndi power supply, kudzera pa terminal yotheka kuchotsa popima. Ma fuzi ndi ma switch onse akhale ku positive. Mukamanga malo awiri, ma 4-20mA ayamba kuvina VSD ikayaka.

aMbewe
Lug ya neutral pa ATS inali yomasuka, bawuti imazungulira ndi zala, kopa wasanduka wakuda. Ndadula, ndaika lug yatsopano. Ndaitanitsa power supply ya ma phase awiri 10A, DC-UPS ya supercapacitor, electronic breaker ya ma channel 8, ma coil anayi ndi fani. Ndikamaliza ndiyese bwanji?

aGondwe
Mapampu akuyenda, mita ili pa MIN/MAX pa PLC, gwetsani main breaker katatu kuti jenereta ilowe yokha. MIN isatsike pansi pa 21V. Ulendo wachinayi tsekani jenereta kuti isalire, muwerenge masekondi mpaka PLC izime, mulembe nambalayo m'kati mwa chitseko pamodzi ndi tsiku. Muzibwereza miyezi 6 iliyonse, nambalayo ikamatsika mudziwa. Kenako chitani short dala kumapeto kwa waya wa valve imodzi: channel yake yokha idule, HMI isaphethire. Pimaninso ripple, AC yotsalira pa 24V, mita ili pa AC millivolt pa ma terminal a 24V. Mita siiona zonse ngati oscilloscope, koma nambala ya lero ikadzawirikiza kangapo ndiye kuti ma capacitor ayamba kuuma. Pomaliza thermometer, masana dzuwa lili paliwombo, chitseko chotseka.

Nabanda
Kanthu kamodzi pa fani. Musaitenge pa 24V ya DC-UPS, idya masekondi a PLC. Ikhale ya 230V pa breaker yake, ndi thermostat yotcheredwa pa madigiri 35. Fyuluta yake, ndi fumbi la mu Seputembala, izigwedezedwa sabata iliyonse.